Buku la Churchill ndi Mavoti a ku Oldham

Abale ndi alongo otsogolera makalasi, mwina ena mwa inu munamvapo kuti Winston Churchill, mtsogoleri wa Angelezi pa nkhondo yaciwiri ya dziko lonse, anapondapo m'dziko lathu lino. N'zoona. Mu Novembala 1899, ali mtolankhani pa nkhondo ya Angelezi ndi Mabunu, anagwidwa natsekeredwa ku Pretoria. Pa 12 Disembala anathawa, nabisala mu mgodi wa malasha pafupi ndi Witbank, kenaka anakwera sitima ya katundu, atadzikwirira pakati pa mitolo ya ubweya wa nkhosa, mpaka ku Lourenço Marques kumene lero timati Maputo. Nkhaniyi anailemba yekha m'buku lake la My Early Life limene linatuluka mu 1930.

Bukuli ndi lokoma, sindingakane. Munthuyu ankadziwa kusimba nkhani. Mukafika pamene akusuzumira pa kampata n'kuona dzina la sitesheni ya Ressano Garcia, ndi kudziwa kuti wadutsa malire, mtima wanu umatsika pamodzi ndi wake. Koma kukoma komweko n'kumene kuyenera kuticenjeza. Nkhani anaziyala motere: mnyamata alephera cisankho, apita ku nkhondo, athawa m'ndende, achuka, abwerera kwawo, anthu amusankha. Woliwerenga amatseka buku akukhulupirira kuti khomo la Nyumba ya Malamulo linatsegulidwa ndi sitima ya ubweya ija. Tiyeni tiike manambala pambali pa nkhaniyo tione.

Mzinda wa Oldham, wa mafakitale a thonje, unkasankha aphungu awiri, ndipo wovota aliyense anali ndi mavoti awiri. Mu Julaye 1899 Churchill anaima pa cipani ca Conservative napeza mavoti 11,477. Mnzake wa cipani cimodzi, Mawdsley, anapeza 11,449. Onse awiri anagwa. Mipando anaitenga a cipani ca Liberal: Emmott ndi mavoti 12,976, Runciman ndi 12,770.

Mu Okutobala 1900, atabwerako ku nkhondo, Churchill anapeza 12,931 ndipo Runciman 12,709. Anapambana ndi mavoti 222 okha, ndipo Emmott anali adakali patsogolo pake ndi mavoti 16. Churchill sabisa m'buku kuti kupambanako kunali kocepa. Koma taonani ici. Mnzake watsopano wa Conservative, dzina lake Crisp, munthu amene sanathawepo m'ndende iriyonse, anapeza 12,522. Ndiye kuti Crisp anaposa mavoti a Mawdsley a caka catha ndi 1,073, pamene Churchill anawonjezera 1,454 pa ake. Gawo lalikulu la mavoti atsopanowo linali la cipani, pakuti boma la Conservative linaitanitsa cisankho pa nthawi imene anthu ankaganiza kuti nkhondo yatha ndipo Angelezi apambana. Kuchuka kwa Churchill kunamupatsa mavoti osafika 400. Anali okwanira, inde, popeza 400 aposa 222. Sitima ya ubweya inathandizadi. Koma inathandiza ngati mwana amene wakankha ngolo imene ng'ombe zinali zitaikokera kale pamwamba pa citunda. Amene mumaphunzitsanso masamu m'makalasi mwanu, manambalawa mukhoza kuwalemba pa bolodi, ophunzira acotsere okha.

Bukuli limathera pa zaka zoyamba za uphungu wake. Sitingamudzudzule pa ico, mutu wake ukunena kale kuti ndi za ubwana ndi unyamata. Koma ndi bwino kudziwa kuti amene ankalemba mu 1930 anali munthu wokanidwa ndi ovota kasanu. Mu 1904 anasiya Conservative nalowa Liberal. Anapambana ku Manchester North West mu 1906, nagwa pomwepo mu 1908. Anzake anamupezera mpando ku Dundee, ku Scotland, ndipo anaukhalira zaka khumi ndi zinai.

Za Dundee mu 1922 ndizo zimandicititsa cidwi koposa. Churchill anali atangocitidwa opaleshoni ya m'mimba, ndipo mkazi wake Clementine ndiye anayamba kuyenda m'misonkhano m'malo mwake. Mipando inali iwiri, iye anakhala wacinai. Woyamba anali Edwin Scrymgeour, amene ankafuna kuti mowa uletsedwe m'dziko lonse. Kwa munthu wodziwika ndi kukonda galasi ngati Churchill, cimeneci cinali cipongwe ndithu. Waciwiri anali E. D. Morel wa cipani ca Labour, yemwe uja anaulula nkhanza zimene anthu a ku Congo ankacitiridwa pa nchito ya mphira mu ulamuliro wa Mfumu Leopold. Churchill anali atangocoka pa udindo wa nduna yoona za maiko a atsamunda. Anthu osauka a ku Dundee anasankha munthu wina amene ankaiona Afirika ndi maso ena.

Mu 1923 anagwanso ku Leicester West. Mu Malichi 1924 anagwa ku Westminster Abbey ndi mavoti 43 okha. Kumapeto kwa caka comweco anapeza mpando ku Epping mothandizidwa ndi a Conservative, amene anawasiya zaka makumi awiri m'mbuyomo, ndipo anamupatsa unduna wa zacuma. Kucokera apo sanagwenso m'dera lake mpaka anapuma mu 1964. Koma dera limenelo linali la Conservative kale, ndiye kusagwa kwake sikutiuza zambiri za iye mwini.

Cimene cikutiuza zambiri ndi 1945. Nkhondo ya ku Ulaya itangotha, ku Woodford zipani za Labour ndi Liberal sizinaimike munthu wopikisana naye, pomulemekeza. Anaima mlimi wina woima payekha, Alexander Hancock, wosadziwika konse, ndipo anthu oposa 10,000 anamuvotera. M'dziko lonse cipani ca Churchill cinagwa koopsa. Cinagwanso mu 1950. Mu 1951 cinapambana mipando yambiri, koma mavoti a Labour ndiwo anali oculuka. Pa zisankho zitatu zimene anatsogolera cipani, palibe n'cimodzi comwe pamene cipani cakeco cinaposa Labour pa mavoti a anthu. Woliwerenga buku lija lokha sangaganize kuti mnyamata wolandiridwa ndi khamu ku Oldham adzakhala ndi mbiri yotere.

Pali cinanso cimene cinandikhudza powerenga kaciwiri, ndipo ici n'cathu. Taonani amene apatsidwa maina m'nkhani ya kuthawa. John Howard, woyang'anira mgodi, ali ndi dzina. Mwini ubweya, amene bukuli limamuchula Burgener, ali ndi dzina. Dewsnap, amene anamutsitsira pansi pa mgodi, ali ndi dzina, ndipo kwawo kunali ku Oldham komweko. Churchill akusimba kuti atamuchula pa msonkhano mu 1900, anthu anafuula kuti mkazi wa Dewsnap ali m'nyumbamo, ndipo onse anakondwa kwambiri. Nanga anthu akuda? Usiku uja asanafike pa mgodi anaona moto patali, nayesa kuti ndi mudzi wa anthu akuda, ndipo maganizo ake anali akuti akawapatse ndalama amuthandize. Ku Lourenço Marques akuonekanso ngati gulu lobwera kudzatsitsa katundu, ndipo iye analowerera pakati pawo, popeza anali wakuda bii ndi litsiro. Amawachula ndi liwu lacipongwe lija limene azungu a Kumwera ankagwiritsa nchito. Pa nthawiyo migodi ya ku Transvaal inkadalira kwambiri amuna ocokera kumwera kwa Mozambique, koma m'nkhani yonse ya kuthawa mulibe mmodzi wa iwo amene alankhula.

Dewsnap anali ndi mkazi ndi anansi mumzinda umene unali ndi mavoti. Amuna amene anatsitsa mitolo ya ubweya pa sitesheni ya Lourenço Marques pa 21 Disembala 1899 analibe voti ku Oldham, ndipo analibenso kwawo.