Mulungu Wopeka ndi Mpini wa Khasu

Pamene ndinali ku Vubwi m'mwezi wa Okutobala, dzuwa likuswa mtengo, anthu atatsiriza kusosa ndipo maso onse ali kumwamba kudikira chizimalupsa, mwana wa mlongo wanga, mnyamata wokonda mabuku, anandipatsa kope lake nati, "Amalume, ndalenga chipembedzo cha anthu a m'nthano yanga, tawerengani mundiuze ngati chakoma." M'kopemo munali milungu isanu ndi iwiri, wina wa mapira, wina wa maola, ndi ansembe ovala mikanjo yagolide, ndiponso nsanja yaitali m'mene ankasungamo nthawi monga momwe ife tisungira chimanga m'nkhokwe. Nkhokwe ya nthawiyo inandikondweretsa, pakuti ndi ganizo la mmisiri weniweni. Koma nditafika kumapeto ndinaona kuti m'dziko lonselo munalibe ndi mmodzi yemwe wokhala ndi matuza m'manja, munalibe wogona ndi njala chifukwa choti wansembe walakwitsa tsiku, ndipo ndinakumbukira mawu a akulu onena za chikomekome cha mkuyu.

Kupeka maina a milungu n'kosavuta, mwana aliyense woweta mbuzi akhoza kutero madzulo amodzi. Luso lagona pa kumangirira mulunguyo ku mimba za anthu, kotero kuti woŵerenga, ngakhale adziŵa bwino lomwe kuti zonsezi n'zopeka, achite mantha pamene mwambo waphonyeka.

Mmisiri amene ndimamlemekeza pa ntchito imeneyi ndiye Chinua Achebe wa ku Nigeria, m'buku lake la Arrow of God, lotuluka mu 1964. Iye sanabise kuti Ulu, mulungu wa midzi isanu ndi umodzi ya Umuaro, anapangidwa ndi anthu eni ake pofuna chitetezo kwa adani; komatu palibe woŵerenga amene amaseka Ulu. Chifukwa chake n'chakuti Achebe anapatsa wansembe Ezeulu ntchito imodzi yooneka yaing'ono: mwezi ukaoneka, iye aziwotcha chilazi chimodzi mwa zilazi zopatulika n'kudya, ndipo kufikira zilazizo zitatha monga mwa chiŵerengero chake, palibe wokumba za m'munda mwake. Tsono atsamunda atamtsekera ku Okperi, mwezi unaoneka iye ali kutali, zilazi zinatsala zosadyedwa, ndipo atabwerera anakana kuzidya pamodzi, ngakhale akuluakulu anamgwira mwendo. Mbewu zinayamba kuonongekera m'nthaka, ana analira njala, ndipo anthu ananyamula zokolola zawo kupita nazo kutchalitchi. Taonani umisiri wake: kalendala yonse ya fuko ili m'kanthu kogwirika ndi manja, kotha kuwotchedwa, kotha kutsala; ndipo kudzikuza kwa munthu mmodzi kwaloŵa m'mwambo monga nankafumbwe aloŵa m'nkhokwe, mwakachetechete.

Koma mnyamata wa ku Vubwi safunika kuwoloka nyanja kuti aphunzire zimenezi, popeza makolo ake anazidziŵa kale. Nkhani ya Kaphirintiwa, kumapiri a Dzalanyama, imati mwamuna ndi mkazi oyamba anatsika pamodzi ndi mvula atanyamula khasu, lichero ndi mtondo. Zida za kumunda ndi za pamtondo ndizo zinatsogola, kachisi ndi ansembe n'kubwera pambuyo. Ndipo wolemba amene ayamba ndi mikanjo wayamba kufolera nyumba asanazike nsanamira. Ku Msinja, Makewana, mayi wa ana onse, sankameta tsitsi lake mwachisawawa, kuopa kuti mvula ingadukenso monga tsitsilo, ndipo nsembe zopempha mvula zinkafuna chovala chakuda ndi chiŵeto chakuda, maonekedwe a mtambo wolemedwa ndi madzi. Lamulo lililonse pamenepo lili ndi mtengo wake, ndipo woulipira ndi munthu wa thupi ndi mwazi. Steve Chimombo anaona chuma chimenechi pamene analemba seŵero lake la The Rainmaker, lonena za Mbona, m'mene mphamvu yogwetsa mvula ndiyo ibala nsanje ndi imfa. Walira mvula walira matope. M'nthano ya mwana wa mlongo wanga mvula inalimo yambiri, matope ndiwo anasoŵa.

Ngakhale mwambo wa Kulamba, umene Acheŵa a ku Zambia, Malaŵi ndi Mozambique amasonkhanira ku Mkaika m'boma la Katete pamaso pa Kalonga Gawa Undi, umachitika kumapeto kwa Ogasiti, zokolola zili m'nkhokwe ndipo makasu akupuma. Ndani akadasiya udzu m'munda mu Januwale kukaonerera Gule Wamkulu tsiku lonse?

Ndisanamizire mnyamatayo kuti analakwa zonse. Nsanja yake yosungiramo nthawi ndiyenera kuiteteza, pakuti mlimi aliyense adziŵa kuti sabata imodzi ya mvula yoyamba iposa mwezi wathunthu wa mu Juni, ndiye kuti masiku salingana kulemera kwake, ndipo chinthu cholemera chikhoza kusungidwa, kubedwa, ngakhale kukongoletsedwa kwa mnansi. Ndinangomufunsa mafunso atatu: ndani asunga kiyi wa nsanjayo, adya chiyani iyeyo chaka cha chilala, ndipo mkazi wamasiye amene tsiku lake lodzala labedwa akadandaula kwa yani?

Sanandiyankhe. Anatenga kope lake n'kuloŵa m'khitchini mwa agogo ake, m'mene ngala za chimanga cha makolo, zosankhidwa kukhala mbewu, zinali lende pamwamba pa moto, zitada ndi utsi, ndipo ndinamumva akufunsa kuti, "Kodi agogo, zimenezi mumadziŵa bwanji kuti tsiku lozitsitsa lakwana?" Gogoyo anaseka, nati ayambe wakatunga madzi.