Larry Gelbart ndi Nkhondo Yolimbana ndi Kuseka Kojambulidwa

Pa ntchito ya masewero a pa TV ku America, mlembi amene alibe udindo wina amapereka zolemba zake n'kuchoka, pamene pulodyusa, yemwe ndi munthu woyang'anira ntchito yonse kuyambira posankha ochita sewero mpaka polumikiza zithunzi, ndiye amagamula zimene oonera adzaone. Larry Gelbart, amene anabadwa ku Chicago mu 1928 ndipo anamwalira mu 2009, anagwira maudindo awiriwa pa sewero la M*A*S*H, ndipo mphamvu ya udindo wachiwiriwo ndiyo inateteza luso lake la ulembi.

Gelbart anayamba kulemba nthabwala za pa wailesi ali mnyamata, kenako analembera Bob Hope ndi Sid Caesar, komwe anaphunzira kuti nthabwala imadalira nthawi imene yaponyedwa. Koma M*A*S*H, imene inayamba kuonetsedwa pa wailesi ya kanema ya CBS mu 1972, inafuna zoposa pamenepo, chifukwa inkanena za madokotala ndi anamwino a chipatala cha asilikali cha m'matenti pa nkhondo ya ku Korea ya 1950 mpaka 1953, ndipo oonera ankadziwa kuti achinyamata awo akufa ku Vietnam pa nthawi yomweyo. Gelbart anaona kuti madokotala oterewa amaseka pofuna kuti mitu isawasokonekere, choncho kuseka kwa dokotala Hawkeye Pierce, amene ankaseweredwa ndi Alan Alda, kumachokera mu kutopa ndi mkwiyo, ndipo kukachotsedwa m'magazi ndi m'matope kumasanduka chibwana.

Apa ndi pamene panabuka mkangano. Masewero ambiri oseketsa a nthawiyo ankaikidwa kuseka kojambulidwa kale, komwe ndi phokoso la khamu la anthu limene amalilowetsa pambuyo pa nthabwala iliyonse kuti woonera adziwe poyenera kuseka. Gelbart ndi pulodyusa mnzake, Gene Reynolds, anakana zimenezi, koma akuluakulu a CBS sanalole, ndipo mapeto ake anagwirizana kuti phokosolo lisamveke m'chipinda cha opaleshoni. Kupambanaku kunali kochepa, komabe kunapatsa seweroli malo amodzi kumene woonera ankasiyidwa yekha ndi chikumbumtima chake, akumva nthabwala za madokotala pamwamba pa kulira kwa zitsulo, popanda womuuza ngati ayenera kuseka. BBC inkalionetsa ku Britain popanda kusekako, ndipo likaonedwa choncho limaoneka kuti linalembedwa ndi mtima wolemera kuposa momwe phokosolo linkasonyezera.

M'chipinda chomwecho ndimo munachitikira chinthu chimene Gelbart amakumbukiridwa nacho kwambiri. Mu 1975, McLean Stevenson, amene ankasewera ngati Henry Blake, mkulu wa chipatalacho, akusiya seweroli, Gelbart, yemwe anatsogolera kujambula gawo lotsanzikana ndi Blake, anabisira ochita sewero ambiri tsamba lomaliza mpaka zina zonse zitajambulidwa, kuti kutsanzikana kwawo kukhale kwachimwemwe chenicheni. Pa tsambalo kalaliki wachinyamata, Radar, akulowa madokotala ali mkati mwa ntchito, alibe chophimba kukamwa, ndipo akulengeza kuti ndege imene Blake anakwera popita kwawo yawomberedwa pa Nyanja ya Japan ndipo palibe wapulumuka. Palibe amene akusiya ntchito kuti alire, popeza ovulala ali pa matebulo, ndipo kamera ikungodutsa pa maso a anthu ophimba kukamwa. Oonera ambiri analemba makalata odandaula, koma chigamulocho chinali cholondola, chifukwa sewero la nkhondo limene anthu okondedwa onse amabwerera kwawo amoyo limanamiza oonera.

Gelbart anachoka mu 1976 atatha zaka zinayi, ndipo gawo lake lomaliza, lojambulidwa m'zithunzi zakuda ndi zoyera ngati kuti mtolankhani akufunsa mafunso ogwira ntchito pachipatalapo, linalibe kuseka kojambulidwa. Mu 1980 anayesa kupita patsogolo ndi United States, sewero la pa NBC lokamba za mavuto a m'banja, lopandanso phokosolo, koma linathetsedwa patangopita nthawi yochepa.