Osunga Magemu Akale Ngoyenera Ulemu

Monga momwe osema ziboliboli a ku Kabwata Cultural Village mu Lusaka amasungira luso la makolo, osunga magemu akale nawonso ngoyenera ulemu. Katiriji ya Nintendo, ngati ya Super Mario Bros. ya 1985, imawonongeka pakapita zaka, koma amisiriwa amakopera zam'kati mwake n'kuzisunga m'fayilo ya ROM. Kenaka pulogalamu yotchedwa emulator imachititsa foni kapena kompyuta kugwira ntchito ngati makina akale. Emulator yotchedwa MAME, yomwe Nicola Salmoria anatulutsa mu 1997, inapangidwira zimenezi. Ena amati uku n'kuba, ndipo kugulitsa ntchito ya eni popanda chilolezo n'kulakwadi. Komabe magemu ambiri sagulitsidwanso, ndipo makampani ena amene anawapanga anatsekedwa kalekale. Pakanapanda amisiriwa, ana a mu Lusaka sakanawadziwa n'komwe.