Mfuti, Minyanga ndi Nkhokwe: Maganizo pa Buku la Msyamboza

Mukafunsa mwana wa sukulu kuti, "Kodi Acewa a ku Dowa ndi ku Nchisi anathawiranji m'mapiri?" yankho lace silicedwa: "Cifukwa Angoni anali anthu okonda nkhondo." Mphunzitsi abvomereza, mwana nakhala pansi. Yankho limeneli ndalimva kawirikawiri m'sukulu za kuno ku Cisepo, ndipo lindidetsa nkhawa, pakuti mwana wa Mcewa ndi mwana wa Mngoni akhala pa mpando umodzi. Tikaphunzitsa motero, wina abwerera kwao ali mdzukulu wa cilombo, winayo mdzukulu wa munthu wamantha, ndipo onse awiri sanaphunzire mbiri.

Buku lotithandiza kukonza colakwaci liripo. Ndilo Msyamboza, lolembedwa ndi Samuel Yosia Ntara, mphunzitsi wa Mishoni ya Nkhoma, yemwenso analemba Nthondo ndi Mbiri ya Acewa. T. Cullen Young analimasulira m'Cingerezi, nalisindikiza ku London m'caka ca 1949. Lifotokoza moyo wa Msyamboza, mfumu ya mudzi wa Cibanzi kufupi ndi Kongwe, amene anaona masiku a nkhondo ndi masiku a Azungu omwe.

Ubwino woyamba wa bukuli ndi wakuti silitionetsa Mcewa wongothawa. Tiona munthu wosaka njovu, wogulitsa minyanga, wogula mfuti ndi wonga, wosonkhanitsa anthu pambuyo pace. Wowerenga wodekha, pakuti kuona maso a nkhono nkudekha, adzazindikira kuti mphamvu m'masiku aja siinatsate mtundu wa munthu ai, koma inatsata cuma.

Taganizani malo amene mapiri athuwa analimo. Kumpoto cakum'mawa, ku Nkhotakota, kunali a Jumbe. Woyamba wao, Salim bin Abdallah, anakhazikika kumeneko m'zaka za m'ma 1840, ndipo zombo zao zinaolotsa minyanga ndi akapolo kutsidya kwa nyanja, pa ulendo wa ku Kilwa ndi Zanzibar. Minyangayo inakathera ku India, ku Ulaya ndi ku America, kumene anaisema zigwinjiri, zipeso ndi makiyi a piyano. Kum'mwera cakum'mawa, ca ku Mvera, kunali Angoni a Ciwere, amene anafika m'zaka za m'ma 1870. Iwowa anafuna ng'ombe, cakudya ndi anthu okuza nao midzi yao, ndipo nkhondo zao zinakonda kutuluka m'cilimwe, nkhokwe zitadzala. Ankhondo ongokonda mwazi sakadalindira masika. Ndiponso Ciwere Ndlovu mwini wace sanabadwe Mngoni. Anali Mnsenga wogwidwa pa nkhondo, amene anakula pakati pa Angoni nakhala mtsogoleri wao. Nanga tinganene bwanji kuti nkhondo inali m'mwazi wa pfuko?

Cuma cinayatsa moto, koma cinaukoleza ndi umphawi. Anthu atathawira m'malinga ndi pamwamba pa mapiri, monga m'nkhalango ya Nchisi, kapena pa phiri la Nkhoma pamene panali anthu a Mazengera, anasiya madambo ndi minda yaconde, nalima timinda tating'ono pakati pa miyala. Dziko linali lalikulu ndithu, koma malo olima mopanda mantha anali ocepa. Njala ikalowa m'linga, munthu amapereka mwana wa mlongo wace cikole kuti apeze cimanga, kapena amakafunkha kwa mnansi wace. Motero cuma cinabala nkhondo, nkhondo inabala njala, ndi njala inabalanso nkhondo yina. Mfumu yopanda mfuti inagwidwa. Mfumu yofuna mfuti inayenera kupeza mnyanga kapena munthu woti isinthanitse. Msyamboza anakhala pakati pa msampha umenewu, ndipo nzeru zace zimveka bwino tikaudziwa msamphawo.

Tsono ndinene cimene ndiciona coperewera. Ntara amkonda munthu wace, ndipo analemba monga mwana wa mishoni, kotero kuti nkhani yace iyenda kucokera ku mdima kunka ku kuunika, kufikira Msyamboza alandira sukulu ndi Cikristu. Njira yotereyi ikometsa nkhani, koma ipeputsa funso lolemera. Mfuti iri yonse inali ndi mtengo wace, ndipo nthawi zina mtengowo unali munthu. Maso athu akhala pa wogulayo, amene timdziwa dzina ndi mudzi; ogulitsidwawo tiwaona patali, ngati mthunzi. Sindinena kuti wolemba ananama ai. Ndinena kuti mbiri ya munthu wopambana, ikawerengedwa yokha, iphunzitsa mwana kusirira mfuti ndi kuiwala wolasidwa.

Cina coyenera kucenjera naco ndi ganizo lakuti Azungu anadza ndi mtendere wokhawokha, opanda kufuna kanthu. Inde, anathetsa malonda a akapolo: dziko linalowa m'manja mwa Angerezi mu 1891, Jumbe wotsiriza anacotsedwa mu 1894, Mwase wa ku Kasungu anagonjetsedwa mu 1895, ndipo Mlozi anapacikidwa ku Karonga caka comweco. Koma kampani ya African Lakes, imene inayamba kumenyana ndi Mlozi mu 1887, nayonso inali kugula minyanga, ndipo pambuyo pa mfuti za Boma panadza msonkho ndi kufuna anchito a m'minda ya Azungu. Cuma cofunidwa cinasintha, kucifunako sikunathe.

Phunziro limeneli si la makolo okha. Pamene cigawo ca Katanga cinafuna kupatuka ku Congo mu 1960, pansi pa nthaka yace panali mkuwa. Ndipo nkhondo ya ku Sierra Leone, kuyambira 1991 kufikira 2002, inadyetsedwa ndi miyala ya dayamondi. Mwana amene wamvetsa za mnyanga wa ku Nkhotakota sadzabvutika kumvetsa zimenezi.

Cifukwa cace, inu amene mukonzekera nchito ya uphunzitsi, bukuli muliwerenge, ndipo muliwerengere ana anu. Cicewa cace ncokoma, ndi malo ace ngodziwika kwa iwo. Koma pa nkhondo iri yonse imene mudzaphunzitsa, mufunse nao mafunso atatu: Anali kulimbirana ciani? Anagula cinthuco ndani? Analipira ndani? Muwatumenso kwa agogo ao kukafunsa pamene panali linga la mudzi wao, ndi kumene anthu a m'lingamo anali kutunga madzi ndi kulima. Mwana wa Mcewa ndi mwana wa Mngoni akabwera ndi mayankho ao, adzapeza kuti asimba nkhani imodzi.