Kudekha m'Masewero a The Legend of Zelda

Masewero a pakanema otchedwa The Legend of Zelda, amene kampani ya Nintendo idatulutsa ku Japan m'chaka cha 1986, sachitira chifundo munthu wopupuluma. Mnyamata Link amayamba ulendo wake m'dziko la Hyrule ali wopanda lupanga, ndi mitima itatu yokha yoimira moyo wake. Wosewera wanzeru amayamba walowa m'phanga loyandikira momwe nkhalamba imam'patsa lupanga. Kenaka amajambula mapu papepala, natolera ndalama zogulira chishango chachikulu, nafunafuna mitima yoonjezera, pakuti ikakwana isanu amaloledwa kutenga lupanga loyera. Wothamangira kukamenyana ndi zilombo asanakhwime amafera panjira.

Ubwino wa masewerowa wagona pamenepa: amaphunzitsa kuti kuona maso a nkhono n'kudekha. Komabe chilema chilipo. Makomo ena obisika alibe chizindikiro chilichonse, kotero wosewera amangotentha zitsamba ndi kandulo, naphulitsa mabomba pamatanthwe mongoyerekeza. Kumeneku n'kutopetsa munthu chabe, pakuti ngakhale ndagi yovuta imasiya kanjira koti womasulira atsate. Wongoyamba kumene asachite manyazi kufunsa anzake amene adadutsapo kale.