Diso la Thomas Baines ndi Mtsinje Umene Sadauyende

Munthu akamatsika phiri kuchokera kwathu ku Namwera kulinga ku Mangochi, pali pokhota pena pamene chigwa chonse chimaoneka nthaŵi imodzi: Shire, nyanja ya Malombe ndi mapiri a kutsidya. Ndikafika pamenepo ndimakumbukira Thomas Baines, mmisiri wojambula zithunzi wa ku King's Lynn ku Mangalande, amene mwina akadajambula dera limeneli akadapanda kuchotsedwa ntchito.

Baines adabadwa mu 1820. M'chaka cha 1858 adabwera ndi David Livingstone pa ulendo wa pa Zambezi ngati wojambula komanso wosunga katundu. Sadali munthu wa utoto wokha. Ankadziŵa kugwira chida chotchedwa sextant, kupima dzuŵa ndi nyenyezi kuti adziŵe pamene waima, ndi kulemba mapu. Khalidwe lopimali limaoneka pa zithunzi zake za ku Tete ndi za mathithi a Kebrabasa: thanthwe lili ndi msinkhu wake, mlambe ndi mlambedi, kuŵala kwa dzuŵa kukugwera kumene kuyenera. Pamenepo ndimamuvulira chipewa. Alakatuli ambiri a pakati pathu, amene mtengo uliwonse amangouti "mtengo", akadaphunzirapo kanthu.

Koma chithunzi chimene chimandivuta ndi cha 1859, cha njovu ili m'madzi osaya a Shire, anthu a m'sitima ya Ma-Robert akuiwombera. Pa maulendo a pa Shire Baines ankatsala ku Tete, malungo akumusautsa. Tsono munthu wokhulupirira maso ndi zida uja adajambula mtsinje wathu pongomva za m'kamwa mwa anzake. Ndipo taonani chimene adasankha: utsi, mfuti, chinyama chovulala. Mtsinje wa midzi, minda ndi ngalaŵa za asodzi wasanduka bwalo la uzimba wa alendo. Luso lilipo, sindikana, koma chithunzichi chikutiuza zambiri za chimene anthu a ku London ankafuna kuona kuposa za Shire.

Chaka chomwecho Livingstone adamuchotsa, pomunena kuti ankasakaza katundu wa ulendo, shuga ali momwemo, ndi kuti ankataya nthaŵi kujambula nkhope za Apwitikizi. Mlanduwo sudatsimikizike, ndipo Baines adamwalira ku Durban mu 1875 dzina lake lisanayeretsedwe. Ena amati imeneyi ndi nkhani ya chisoni, ndipo ndi zoona. Ine ndimaonjezapo mbali ina. Mu September 1859, pamene Livingstone ndi John Kirk ankadutsa pa Malombe kukafika ku nyanja ya Malaŵi, pagulupo padalibe wojambula ndi utoto. Mathithi a Victoria, amene Baines adakafikako mu 1862 ndi James Chapman, dziko lidawadziŵa kudzera m'zithunzi zake. Chigwa cha kunsi kwa Namwera iye sadachipime, ndipo ndikaima pokhota paja palibe chithunzi cha Baines chimene chimanditsogolera maso.