Chiphe, Mankhwala ndi Nambala T44.0: Kuunika Matchulidwe a za Chipatala

Buku la mndandanda wa matenda lotchedwa ICD-10, limene msonkhano waukulu wa bungwe la WHO udavomereza m'chaka cha 1990, limapatsa nthenda iliyonse nambala yakeyake kuti zipatala za maiko osiyanasiyana zizilemba mofanana. Ngakhale buku la ICD-11 lidayamba kugwira ntchito pa 1 Januwale 2022, maiko ambiri akadalembabe ndi lakalelo. Nkhani ino ikuunika nambala imodzi yokha ya m'bukuli, T44.0, pofuna kuona ngati mawu ake angaloŵe m'Chicheŵa popanda kusokoneza tanthauzo.

Nambala T44.0 ndi ya mankhwala a gulu lotchedwa anticholinesterase. M'thupi la munthu, uthenga wochokera ku mtsempha kupita ku mnofu umanyamulidwa ndi kanthu kotchedwa acetylcholine, ndipo uthengawo ukafika, kanthuka kamaphwanyidwa msanga kuti mnofu upume. Mankhwala a gululi amaletsa kuphwanyako, motero uthenga umakhalitsa. Pa muyeso woyenera izi zimathandiza: neostigmine ndi pyridostigmine amapatsidwa kwa odwala nthenda yofooketsa minofu ya myasthenia gravis, pamene donepezil amapatsidwa kwa odwala nthenda yoiŵalitsa ya Alzheimer. Muyeso ukapyola, munthu amachucha dovu, misozi ndi thukuta, amatsegula m'mimba, mtima umagunda mochedwa, ndipo makhololo amadzaza m'chifuwa mpaka kupuma kumavuta. Apa madokotala amathamangira mankhwala otchedwa atropine.

Mbiri ya gululi ikuonetsa kuyandikana kwa chiphe ndi mankhwala. Kholo lake, physostigmine, lidachotsedwa mu 1864 m'nyemba za ku Calabar, m'dziko la Nigeria, zimene Aefiki ankamwetsa anthu oganiziridwa ufiti monga momwe makolo a kuno ankachitira ndi mwavi. Mu 1934 dokotala wina wa ku Britain, Mary Walker, adaonetsa kuti chiphe chomwecho chimadzutsa minofu ya odwala myasthenia gravis. Chinthu ndi chimodzi. Chosiyana ndi muyeso ndi cholinga.

Ubwino waukulu wa ICD-10 uli pomwepa, chifukwa bukuli limafunsa momwe mankhwala adaloŵera m'thupi. Ngati munthu adamwa mopyola muyeso, kapena adamwa mankhwala olakwika, bukuli limati ndi "poisoning" ndipo nambala ndi T44.0. Ngati mankhwala adali oyenera, muyeso woyenera, kaperekedwe koyenera, koma wodwala adavutikabe, imeneyo ndi "adverse effect", ndipo imalembedwa ndi nambala ya vuto limene laonekalo pamodzi ndi Y51.0. Dziko la America, limene lidayamba kugwiritsa ntchito buku lake lokonzedwanso la ICD-10-CM pa 1 Okutobala 2015, lidasonkhanitsa zonsezi pansi pa nambala imodzi yokhala ndi mathero asanu ndi limodzi: T44.0X1 ngozi, T44.0X2 kudzivulaza mwadala, T44.0X3 kuvulazidwa ndi munthu wina, T44.0X4 cholinga chosadziŵika, T44.0X5 vuto lobwera ndi mankhwala omwedwa moyenera, ndi T44.0X6 kumwa mopereŵera muyeso.

Komabe kalembedwe aka kali ndi zofooka ziŵiri zimene womasulira ayenera kuziona asanayambe ntchito. Choyamba, mawu akuti "poisoning" atambasulidwa kupyola momwe anthu wamba amawamvera. Gogo amene waiŵala kuti wamwa kale mapiritsi ake, nkumwanso kachiŵiri, amalembedwa ndi liwu lomwelo limene amalembera munthu wothiriridwa chiphe m'chakudya. Womasulira akatsata liwu ndi liwu nkulemba "kumwa poizoni" kapena "kudya chiphe", wanena zambiri kuposa zimene bukuli likunena. M'Chicheŵa chiphe chimafuna mwini. Achibale akamva kuti m'bale wawo wadwala ndi chiphe, funso loyamba limakhala lakuti wamudyetsa ndani, ndipo mlandu ungagwere namwino, mkamwini kapena mnansi wosalakwa. Nawonso mawu akuti "wamwa mankhwala" ali ndi mbali ziŵiri, chifukwa pamaliro angatanthauze kuti munthu wadzipha.

Chachiŵiri, bukuli limagaŵa chinthu chimodzi m'malo aŵiri. Mankhwala ophera tizilombo a magulu a organophosphate ndi carbamate amagwira ntchito m'thupi mwa njira yomweyo, ndipo zizindikiro zake ndi zomwezo, koma nambala yawo ndi T60.0, m'gawo la zinthu zosakhala za chipatala. Motero T44.0 idatchulidwa potengera kagwiridwe ka ntchito m'thupi, pamene T60.0 idatchulidwa potengera ntchito ya kumunda. M'Chingerezi mawu akuti "drug" ndi "pesticide" amathandiza kusunga malireŵa. M'Chicheŵa zonse ndi mankhwala: a kuchipatala, a m'thonje, a makoswe, ngakhale a kwa sing'anga. Tameki, amene dzina lake lidachokera ku dzina la malonda lakuti Temik, ndi aldicarb wa gulu la carbamate, ndiye kuti malo ake ndi T60.0. Kalaliki wa chipatala amene wangouzidwa kuti wodwala "adamwa mankhwala" alibe chomutsogolera, ndipo akalakwa, chiŵerengero cha anthu ovulala ndi mankhwala a ulimi chimabisika m'chiŵerengero cha mankhwala a chipatala. Boma likafuna kudziŵa ngati kuli koyenera kuletsa mankhwala ena pa msika, limadalira ziŵerengero zomwezo.

Njira yopeka liwu limodzi latsopano pa liwu lililonse la Chingerezi singathetse vutoli, chifukwa kusiyana kumene bukuli likufuna kuli m'zochitika, ndipo Chicheŵa chimafotokoza zochitika ndi aneni. Mneni "kumwa" ali kale ndi nthambi zokwanira: kumwa mwangozi, kumwa mwadala, kumwetsedwa, kumwa mopyola muyeso, kumwa mopereŵera. Pa "adverse effect" anthu adali kale ndi mawu awo, akuti "mankhwala sadamuyanje", amene saloza munthu chala. Chofunika nkuwonjezera mawu akuti "omwedwa moyenera" kuti tanthauzo likwane. Pa malire a T44.0 ndi T60.0, liwu lakuti mankhwala lisaloledwe kuima lokha m'zolembera za chipatala: likhale "mankhwala ochiritsira" kapena "mankhwala ophera tizilombo". Liwu lakuti chiphe lisungidwire T44.0X3 ndi zina zotero, pamene pali munthu amene adafunadi kuvulaza mnzake.

Liwu lakuti anticholinesterase lisiyidwe momwe liliri. Kulipinda kuti limveke ngati Chicheŵa sikuthandiza wodwala, ndipo dokotala sangalipeze m'mabuku ake. Nambala nazo zikhale zosasinthika, pakuti ndizo zimalumikiza chipatala cha kumudzi ndi maiko ena. Ntchito ya akatswiri a chiyankhulo ili pa mawu amene wodwala ndi womudikirira amamva kwa dokotala, ndi amene kalaliki amaŵerenga asanalembe nambala. Mawu ameneŵa ayenera kuyesedwa m'zipinda za odwala asanasindikizidwe m'buku la matanthauzo.